Katani Yosafika Pansi

Sikisi koloko ya m'mawa inakwana a Ketulo atatsukuluza kale nsalu ziwiri, yachitatu ili m'beseni. Zinali nsalu zazikulu zobiriwira, zolemera zikanyowa, ndipo pofinya ankachita kukoleka mbali imodzi pa mpopi n'kumapotokola inayo ndi manja awiri mpaka mitsempha kuonekera. Pabwalo la nyumba za lendi limenelo mpopi unali umodzi wokha, wa mabanja asanu ndi awiri. Amake mapasa atatulukira ndi zidebe zawo, anayamba ndi chifuwa chabodza.

"Aneba, mpopiwu munachita kukwatiwa nawo?"

"Ndinakwatiwa nawo, ndipo mkazi wamkulu ndine. Inu dikirani."

"Za mitalazo ndi za kwanu kumzikiti. Ife kwathu n'zoletsedwa."

"N'chifukwa chaketu mumaubwerera mozemba ngati chibwenzi."

Amake mapasa anaseka mpaka chidebe chimodzi kugubuduka. Amayi awiriwa anali atakhala moyang'anizana zitseko zaka khumi ndi ziwiri, chingwe choyanikira zovala chili chimodzi. Amake mapasa ankasesa m'maofesi m'tauni, ndipo Lachinayi lililonse dzuwa likapendeka ankatsogolera kwaya ya amayi a kumpingo kwawo pakhonde pomwepo, mawu ake ofika mpaka kumsewu. A Ketulo ankati nyimbozo zimawakhotetsa msoko. Amake mapasa ankabweza kuti sipika ya kumzikiti inawalanda tulo ta m'bandakucha kuyambira chaka chimene anasamukira pamalopo. Madandaulo amenewa ankapatsana ngati moni.

Kuseka kutatha, amake mapasa anayang'ana nsalu zobiriwira zija. Ankaidziwa ntchito yake.

"Dzulo kunali wina?"

"Kunali."

"Wamkulu kapena wachitsikana?"

"Munthu," anatero a Ketulo, n'kukhuthula madzi m'ngalande. Pa nkhani zotere yankho lawo silinkapitirira pamenepo.

Ntchito yodyera ya a Ketulo inali utelala. Makina awo opalasa ndi mapazi ankakhala pakhonde, ndipo ankasoka yunifolomu za ana asukulu, kusintha zipi, kufupikitsa mathalauza a pakaunjika. Koma foni ikalira kuti kwamwalira mayi wachisilamu, ankavundikira makinawo ndi thumba, n'kunyamula chikwama cha sopo, thonje, magolovesi ndi nsalu zija. Kudzanja linalo ankanyamula ketulo yaikulu yopindika m'mbali, imene inawapatsa dzina. Maliro achisilamu sadikira mawa ngati lero n'kotheka, choncho ankanyamuka mmene alilimo, nthawi zina zikhomo za zovala zili pakamwa. Makasitomala ena anatopa nawo n'kupita kwa telala wa kumsika. Wina anawatcha telala wa mawa. Iwo sanakane, chifukwa zinali zoona.

Kusambitsa maliro anakuyamba ali ndi zaka makumi awiri ndi zisanu ndi chimodzi, mng'ono wawo atamwalira pobereka. Mumzinda munalibe wachibale wodziwa ntchitoyo. Kunabwera mayi wina wogulitsa makala, wa zikhadabo zakuda zosamva sopo, ndipo atawaona akulira pakhomo anawakoka dzanja. "Misozi isunge, ndikufuna wondigwirira nsalu." Mayi ameneyo ndiye anawaphunzitsa zonse. Nsalu isachoke pathupi, dzanja ndilo limalowa kunsi. Madzi akhale ofunda ngati osambitsira khanda. Kuyamba n'kumanja. Katatu, zikapanda kukwanira kasanu, osalekezera pa kanayi. Lamulo lomaliza analinena atawagwira chibwano: zimene maso ako aona muno uzisiye muno, ngakhale mwamuna wako asazimve.

Zaka zinapita, wamakala uja anamwalira, ndipo anamusambitsa ndi a Ketulo. Mwamuna wawonso anamwalira asanamvepo kanthu. Pa nsalu zonse zimene a Ketulo ankadula ndi sizasi yawo, imene ankaisamala kwambiri inali nsanda, nsalu yoyera yokulungira womwalira, ndipo imeneyo makina awo sankaikhudza. Pa mwambo wa maliro ankathokozedwa okumba manda, wobwereketsa galimoto ndi amene abwera kuchokera kutali. Nsalu zochapa mawa lake palibe ankazikumbukira. Sopo akatha, a Ketulo ankatenga wa m'nyumba mwawo.

Ntchitoyi ankaigwirira m'kachipinda kuseri kwa nyumba ya chisoni ya chipatala chachikulu cha mumzindawo. Kale m'kachipindamo munkatayidwa mabedi othyoka. A Ketulo ndi anzawo awiri anapempha chaka chathunthu, ofesi iyi kuwatumiza ofesi iyo, mpaka anawapatsa kiyi kuti asiye kuvuta. Anatulutsa zitsulo zadzimbiri okha, kukolopa ndowe za makoswe, kupaka laimu. Mwamuna wa mmodzi wa iwo, mmisiri womanga nyumba, anawaumbira thebulo la simenti lotsetsereka pang'ono kuti madzi azigwera m'ngalande ya kumapazi. Munali mpopi, soketi ya ketulo, misomali inayi kukhoma yokolekapo nsalu. Chachikulu chinali chitseko chotsekeka m'kati.

Sabata yathayo anapeza pepala pachitsekocho. Linati kachipindako katsekedwa ndipo muikidwa jenereta yatsopano. Maliro onse azisambitsidwa m'holo yaikulu ya nyumba ya chisoni, kumene thebulo limodzi latchingidwa ndi katani polemekeza Asilamu. M'munsi munalembedwa kuti izi zachitika mogwirizana ndi komiti ya zipembedzo ya mumzindawo. A Ketulo anawerenga kawiri. Kenako analowa m'holomo, tepi yoyezera ili m'khosi, n'kugwada pansi pa kataniyo. Abambo okankha mabedi a mateyala anaganiza kuti mayiyo akupemphera.

Komitiyo inali ndi msonkhano tsiku lochapa nsalu lija, teni koloko, m'chipinda cha misonkhano cha pachipatala pomwepo, wothokoza akuluakulu chifukwa cha katani. A Ketulo anaitanidwa ndithu. Uthenga wochokera kwa a shehe unati abwere ndi mayi wina mmodzi adzathandize kuphika tiyi.

Anayanika nsalu zawo, kusintha zovala, n'kupita. Tiyi anaphikadi, m'kakhitchini ka m'mbali, mu ketulo ya chipatala. Kudzera pakhomo ankamva malankhulidwe. Abusa, omwe anali apampando, anati mzinda uno ndi nyumba imodzi ya zipinda zambiri. A shehe anati mnansi ali ndi ufulu waukulu pa mnansi mnzake. M'manja munkaombedwa. A Ketulo sankatsutsana ndi mawu amenewo. Komitiyo inachitapo zabwino: ndiyo inathetsa nkhani ya atsikana amene ankabwezedwa pasukulu ina chifukwa cha mpango wa kumutu, ndipo chaka cha madzi osefukira mabulangete anagawidwa osafunsa munthu kumene amapemphera. Koma pa mipando khumi ndi iwiri ya komitiyo panalibe pokhala mayi.

Makapu atagawidwa, a Ketulo anatulutsa ketulo yawo m'chikwama, kulowa nayo, n'kuikhazika pakati pa thebulo, pamwamba pa mapepala. Abusa anatambasula kapu yawo uku akumwetulira.

"Iyi si ya tiyi, abusa. Ndi ya maliro."

Kapu ija inabwerera pachifuwa cha mwini wake mofulumira mpaka tiyi kutayikira pa tayi.

"Mayi," anatero abusa akudzipukuta, "nthawi ya mafunso ibwera kumapeto."

"Kumapeto ine ndimakhala ndikutsuka makapu. Ndilankhula pompano."

A shehe anakweza dzanja pang'ono, ngati akukhazika mwana pansi. A Ketulo anachita ngati sanaone. Anavula tepi m'khosi n'kuitambasula pathebulo.

"Katani yanu ndinaiyeza. Pansi yaperewera zikhatho ziwiri ndi theka. Kumbali ya chitseko siikumana ndi khoma, pali mpata wolowa mutu wa munthu, ndipo chitseko chikatseguka mphepo imaikweza ngati siketi. Ngalande ili kunja kwa katani. Ndiye kuti madzi amene ndasambitsira mkazi wa munthu azidutsa pansi pa nsapato za abambo okankha mabedi. Amene anasoka kataniyo sindikumudziwa, koma akanakhala wophunzira wanga ndikanamusomoletsa."

Wina kumapeto kwa thebulo anaseka, n'kubisa kusekako m'kapu.

"Ndifunse," anapitiriza a Ketulo. "Pa nonse mwakhala panonu, ndani anasambitsapo mayi ake?"

Abambo aja anaweramira m'makapu mwawo. Fani ya kudenga inamveka kulira kwake.

"A shehe, mwasainira chipinda chimene simunalowemo ntchito ili m'kati. Simungalowemo n'komwe, chipembedzo chathu chomwe sichikulolani. Nanga munadziwa bwanji kuti katani ikwanira?"

A shehe anali munthu wofatsa, ndipo anayankha mofatsa. "Mayi anga, kukhala mumzinda ndi anthu a zipembedzo zina kumafuna kulolerana. Sitingapeze zonse zimene tikufuna. Tikamalimbana pa chilichonse, mawa adzati Asilamu ndi ovuta."

"Kulolerana ndikukudziwa. Ndimalolerana ndi kwaya Lachinayi lililonse. Koma inu mwalolera ndi thupi la ndani? Mukanapereka kapeti ya mumzikiti ndikanakuomberani m'manja, ndi yanu, mumakhalapo ndinu."

Apa bwana woyang'anira chipatala anavula magalasi. Sanali munthu woipa mtima. Nkhope yake inali ya munthu amene wakhala akukana zinthu zambiri kuyambira m'mawa.

"Mayi, ndakumvani. Nanunso mundimve. Jenereta imeneyo ndi ya kuchipinda cha makanda obadwa masiku asanakwane. Magetsi akazima, ana amazizidwa. Pakali pano ili panja, yavundikiridwa ndi lona."

"Makandawo asazizidwe, bwana, zimenezo palibe angatsutse. Koma jenereta ilibe manyazi. Imangireni denga panja pomwepo. Malata anayi ndi njerwa, mmisiri ndikupezerani ndine."

"Zomanga zili ndi njira yake, zimatenga miyezi. Ndipo vuto langa lenileni ndi ili: chipatala ndi cha aliyense. Akuluakulu anga akandifunsa chifukwa chimene ndikusungira chipinda anthu a chipembedzo chimodzi, ndiyankha chiyani? Buku lanu lolembamo maliro amene mwasambitsa ndinaliona, mayina onse ndi achisilamu. Mundipatse munthu mmodzi yekha yemwe si Msilamu amene chipindacho chinamuthandizapo. Mmodzi basi, ndikhale ndi ponyamulira nkhaniyi."

A Ketulo anatsegula pakamwa, n'kutsekanso. Munthuyo analipo. Dzina lake linafika pa lilime, ndipo anachita kulimeza ngati piritsi lopanda madzi.

"Alipo?" anafunsa bwanayo.

"Zimene ndimaona m'chipinda muja sindinena."

"Ndiye kuti palibe."

"Ndiye kuti sindinena."

Bwanayo anavalanso magalasi ake. Anati amisiri abwera Lolemba naini koloko kudzaphwanya thebulo la simenti, ndipo ngati pali wina woti amumve, amumve nthawiyo isanakwane. Abusa anapempha kuti atseke ndi pemphero. A Ketulo anadikira mpaka ameni, chifukwa pemphero la munthu salidutsa pakati, kenako ananyamula ketulo yawo. A shehe anawapeza pakhonde.

"Mwatichititsa manyazi pamaso pa alendo, mayi."

"Manyazi ali kutsogoloku, a shehe. Tsiku lina pathebulo la katani lija padzagona mayi a kunyumba kwanu, ndipo wosambitsa ndidzakhala ine. Mudzandiuze nthawi imeneyo kuti ndilolere."

Anatsika masitepe osacheuka. M'kakhitchini muja makapu makumi awiri anatsala m'sinki, tiyi akuumira m'kati. Pa zaka zonse zimene anaphikira misonkhano, aka kanali koyamba kuwasiya choncho, ndipo mu minibasi yobwerera kunyumba manja awo ankachita ngati aiwala kanthu.

Munthu amene sanamutchule uja anali amake mapasa. Zaka zinayi zapitazo, a Ketulo akukhoma kachipinda kaja atamaliza ntchito, anawapeza ataima pakhomo la holo yaikulu, beseni lili m'manja, sopo watsopano ali m'pepala lake. Mayi a amake mapasa anabwera kuchokera kutali kudzagonekedwa m'chipatala ndipo anamwalira m'mawa umenewo. Galimoto yonyamula maliro inkanyamuka masana. Achibale anali kumudzi, amayi a kumpingo anali asanaweruke kuntchito. M'holomo abambo ankalowa ndi kutuluka, wailesi ikulira pawindo, chitseko chili pululu.

"Aneba, sindinasambitsepo munthu," anatero amake mapasa tsiku limenelo. "Ndipo mayi anga, ngakhale ine mwana wawo sindinawaonepo osavala."

A Ketulo sanafunse a shehe, sanafunsenso ofesi. Anatsegulanso kachipindako, kuteleka ketulo, n'kuuza abambo aja kuti abweretse bedi mpaka pakhomo ndipo abwerere pomwepo. Anakoleka ngodya ziwiri za nsalu yobiriwira pamisomali, zinazo n'kugwira ndi manja, ndipo ankanena motsitsa pamene dzanja liyenera kupita. Amake mapasa ankasambitsa uku akuimba chapansipansi nyimbo ya kumpingo kwawo, mawu akuduka. A Ketulo ankanena zawo mumtima. Panali zina zimene matenda anachita pathupi la mayiyo, zimene mwana wawo sanafune kuti munthu wina azidziwe, ngakhale alongo ake. M'buku a Ketulo sanalembemo kanthu. Chichokereni tsiku limenelo, amayi awiriwo anakanganapo za mpopi, za chingwe, za nkhuku yolowa m'nyumba, koma za kachipinda kaja sanatchulepo ngakhale kamodzi.

Atafika kunyumba anavundukula makina n'kusoka malaya awiri a yunifolomu. Kolala ya achiwiriwo inakhota, anasomola, n'kukhotanso. Anaganiza zopita okha Lolemba kukakhala pathebulo la simenti lija, amisiriwo ayambe aphwanya iwo. Zimenezo akanatha, ndipo mumtima anali atatsimikiza kale kuti azichita. Koma mayi mmodzi wachisilamu atakhala pathebulo akanangotsimikizira zimene bwana uja ananena.

Dzuwa litapendeka anapita kukanula nsalu. Zinali zitauma gwa. Nsalu zazikulu choncho munthu mmodzi sapinda bwino, ndipo ali m'kati molimbana ndi yoyamba, amake mapasa analowa pageti, nsapato za kuntchito zili m'manja.

"Ehe, anabwera a chipani chotsutsa! Ndamva kuti mwasiya makapu osatsuka. Abusa athu tayi yawo ili pa chingwe, mayi busa akufunsa kuti mayi wa ketuloyo ndi ndani."

"Nkhani imathamanga kuposa minibasi. Gwirani uko."

Amake mapasa anaponya nsapato pansi n'kugwira ngodya ziwiri. Anabwerera m'mbuyo mpaka nsaluyo kuwongoka, anaikutumula pamodzi, kenako anayenda kukumana pakati, zala kukhudzana. A Ketulo anafotokoza za jenereta, za katani, za Lolemba naini koloko. Anafotokozanso za munthu mmodzi amene bwana uja akufuna. Pamenepo amake mapasa anaima, nsalu yachiwiri ili m'manja.

"Ndiye munawauza?"

"Mukundiyesa ndani?"

Amake mapasa anayang'ana nsaluyo nthawi yaitali. Ndi chala chachikulu ankasisita pangodya, pamene panali kabowo ka msomali.

"Ndi yomwe ija," anatero a Ketulo. "Kabowoko ndinakasiya dala."

Mwana wa nyumba ya pakona anayatsa wailesi. Kumpopi wina ankatsuka mapoto. A Ketulo anakoka nsaluyo pang'ono kuti mnzawoyo awayang'ane.

"Aneba, zaka khumi ndi ziwiri sindinakupempheni kanthu koposa mchere ndi machesi. Ine pakamwa panga anatseka ndi mayi wina wamakala, ndipo sindidzatsegula ngakhale aphwanye thebulo lija ndili pomwepo. Koma maliro aja anali anu, woyenera kunena ndinu. Lolemba musanapite kokasesa, mupite nane. Mukamuuze bwana uja pamene munaima ndi beseni lanu, ndi chimene chitseko chija chinakuchitirani. Za mayi anu mukanene zimene mtima wanu walola, zinazo musunge, ine ndikusungirani mbali yanga. Mukamuuzenso kuti kiyi wachiwiri tikufuna azikhala kwa amayi a kumpingo, asamadikire kukumana ndi a Ketulo pakhonde mwangozi. Ndipo kwaya yanu ija mubwere nayo yonse, ndi mayi wa mawu onga a bambo uja. Mukaime nane pakhomo paja, mukaimbe mokweza ngati mmene mumandikhotetsera msoko Lachinayi, amisiriwo asowe podutsa."